Chilankhulo cha Pansi pa Thirakitala

Pa galaja ya mishoni, kuseri kwa Linga,
Bulaza Batista anali ndi malilime atatu.
Chichewa cha makasitomala, choongoka ngati chosita.
Chitaliyana cha pa foni, akulu a kwawo akaimba.
Ndi chachitatu,
chimene chinkatuluka ali chagada pansi pa thirakitala
bawuti ikakana kumasuka.

Pota! anakuwa tsiku langa loyamba.
Ine Twaibu, mwana womvera,
ndinapota sipanala mpaka bawuti inathyoka.
Anaseka, girisi n'kulowa m'kamwa.
Sindikukutuma, mwanawe.
Ndi mmene timadandaulira kwathu.

Kwathu ku Begamo, iwo anatero,
mawu timawadula mchira.
A m'tauni buledi amati pane, ife pa.
Vinyo amati vino, ife i,
chilembo chimodzi basi,
poti kuzizira sikulola munthu kuyasama nthawi yaitali.
M'chigwa chathu s timaimeza,
imatuluka ngati mpweya wa tayala lobooka:
kumtunda hura, kumunsi hota.

Ndinafunsa kuti anachipanga ndani.
Analoza galimoto ya mishoni.
Injini ya kwina, giyabokosi ya kwina,
chitseko tinachitola ku Dwangwa.
Asilikali a ku Roma anasiya Chilatini
m'kamwa mwa abusa omwe anali nacho kale chawo,
kenako kunatsika a ndevu zazitali ochokera kumpoto,
kenako okhometsa msonkho a ku Venisi.
Aliyense anasiyapo kachitsulo kake.
Koma taona, ikuyenda.

Anatambasula dzanja lamanzere.
Apa mphunzitsi ankamenya ndi lula
ndikalankhula ngati mayi anga m'kalasi.

Ndinakhala chete, tochi ili m'manja.
Ndinakumbuka ku Lilongwe, ku sukulu ya ntchito zamanja,
nditangotsegula pakamwa kupempha madzi,
anyamata n'kugwa ndi phwete:
wa ku Kota uyu, tamverani akuimba!
Usiku ndinkayeserera kulankhula ngati a pa wailesi,
kuchotsa birika, kuchotsa fundi, kuchotsa jahazi,
ngati munthu wosankha miyala mu mpunga,
osadziwa kuti ndikutaya faya weniweni.

Athu mawu enawo anaoloka ndi nsalu ndi mikanda,
ndipo majahazi omwe anawabweretsa
ankabwerera atadzaza anthu.
Zimenezo sindingazichape ndi palafini.
Ena anatsika ndi Atonga, ena ndi Ayao a kumzikiti,
n'kukwatira m'Chichewa cha amayi.
Nanenso ndimayenda ndi zitsulo za eni.

Chaka chomwe mvula inakokolola mlatho wa Kaombe
Bulaza anagona m'chipatala.
Chichewa ndicho chinayamba kuwathawa,
zaka makumi anayi n'kutha ngati mafuta a m'thanki lodontha.
Chitaliyana chinatsatira Lachinayi.
Chinatsala chachitatu chija.

Sisitala Nachanza anandiitanitsa:
akungopumira m'mwamba, sitikumva.
Ndinawerama pafupi ndi ndevu zawo.
Sikunali kupuma.
Hura, ankatero. Hura.
Ndinapukusa chitsulo cha bedi, mutu n'kukwera,
maso awo n'kupeza zenera
ndi mtengo wa mango womwe tinkakolowekapo injini.
Ine Msilamu wa ku Kota,
womasulira yekha m'boma lonse,
ndi mawu asanu okha m'thumba.

Galaja ili m'manja mwanga tsopano.
Ndili ndi wophunzira, Zuwena, wamakani,
amene dzulo bawuti itamukanira
anakuwa Pota! ali pansi pa minibasi.
Dalaivala wa ku Dedza anafunsa kuti n'chiyani chimenecho.
Iye, osatulutsa ngakhale mutu:
n'cha kuno, simungachimve.

Sindinamukonze.
Ndinangomupatsira namba setini.